Comboio de Sal e Açúcar: filimu ya sitima ya mchere ndi shuga

Comboio de Sal e Açúcar ndi filimu ya ku Mozambique yomwe inatuluka mu 2016. M'Chichewa dzinali likutanthauza sitima ya mchere ndi shuga. Anaitsogolera ndi Licínio Azevedo, ndipo nkhani yake anaitenga m'buku la dzina lomweli lomwe analemba iye mwini mu 1997. Filimuyi ndi ya m'Chipwitikizi ndipo imatenga mphindi 93. Imatsatira ulendo umodzi wa sitima yapamtunda yochoka ku Nampula kulowera kumalire a Malawi kumapeto kwa zaka za m'ma 1980, nkhondo yapachiweniweni ili mkati. Ndi filimu yoimitsa mutu, koma imaonetsa nkhondoyo kudzera m'maso mwa anthu wamba amene anakwera sitimayo pofuna kudyetsa mabanja awo.

Chifukwa chiyani mchere ndi shuga?

Nkhondo ya pakati pa boma la Frelimo ndi gulu la Renamo inayamba patangopita nthawi yochepa dziko litalandira ufulu mu 1975, ndipo inatha ndi pangano la mtendere lomwe linasainidwa ku Roma pa 4 October 1992. M'zaka zimenezo minda ya nzimbe ndi mafakitale a shuga a ku Marromeu ndi Luabo, m'chigwa cha Zambezi, anaonongedwa. Shuga anasowa m'masitolo, ndipo akapezeka mtengo wake unali wosayamba.

Ku Malawi zinthu zinali zosiyana. Mafakitale a ku Nchalo ndi ku Dwangwa ankagaya nzimbe chaka chilichonse. Chomwe dzikolo lilibe ndi nyanja yamchere, pamene m'mphepete mwa nyanja m'chigawo cha Nampula anthu amayanika mchere wochuluka. Apa ndi pomwe panabadwira malonda osinthanitsa. Amayi ambiri ankanyamula matumba a mchere, kukasinthitsa ndi shuga kumalire, n'kubwerera kukagulitsa kwawo.

Njira yake inali njanji ya Nacala, yomwe imadutsa ku Nampula ndi ku Cuamba n'kukalowa m'Malawi pa Entre Lagos ndi Nayuchi. Kuchokera ku Nampula kufika ku Cuamba ndi mtunda wa makilomita pafupifupi 350. Nthawi ya nkhondo njanjiyi inkazulidwa ndi kutcheredwa mabomba, moti sitima inkayenda ndi asilikali oiperekeza komanso amisiri oikonza. Kuyambira mu 1987 nawo asilikali a Malawi anatumizidwa kukathandiza kulondera njanjiyi.

Nkhani ya mufilimu

Filimu imayamba pa siteshoni ya Nampula, anthu akudikira ndi katundu wawo. Pakati pawo pali Mariamu, mayi wozolowera ulendowu, ndi mnzake Rosa, namwino wachitsikana amene akupita kukayamba ntchito kuchipatala chomwe amutumiza. Rosa sanaionepo nkhondo ndi maso.

Kumbali ya asilikali kuli Taiar, mkulu wachinyamata wophunzira usilikali kusukulu, amene amakhulupirira kuti ntchito yake ndi kuteteza anthu. Mnzake Salomão amaona zina: kwa iye, munthu amene wamenya nkhondo zaka zambiri ali ndi ufulu wotenga chomwe wafuna m'sitimamo, kaya ndi katundu kaya ndi mkazi wa mwini. Wolamula onse ndi Sete Maneiras, msilikali wamkulu wa mphini kumaso, amene anyamata ake amakhulupirira kuti ndi wokhwima. Kuthengo nako kuli mtsogoleri wa adani wotchedwa Xipoco, yemwe mbiri yake imati amasanduka nyani.

Sitima imayenda pang'onopang'ono, malo ena makilomita asanu okha pa ola. Ikafika pomwe njanji yazulidwa imaima, ndipo apaulendo amatsitsidwa kuti athandize kukonza. Madzi akumwa amatha. Zipolopolo zimachokera m'tchire, koma owombera saonekaoneka. Mantha a woonera amachokera mbali ziwiri: mdani wobisala kunja, ndi mlonda wa mfuti amene wakhala naye m'bogi imodzi. Chikondi cha Rosa ndi Taiar chimamera pakati pa zoopsa ziwirizi, ndipo mkangano wa Taiar ndi Salomão umakula pamene ulendo ukupitirira.

Mwini filimu

Licínio Azevedo anabadwa mu 1951 kumwera kwa Brazil ndipo anayamba ngati mtolankhani. Anafika ku Mozambique chakumapeto kwa zaka za m'ma 1970 ataitanidwa ndi Ruy Guerra, katswiri wa mafilimu wobadwira ku Maputo, kuti akagwire ntchito ku Instituto Nacional de Cinema. Bungwe la bomali ndi lomwe linkapanga Kuxa Kanema, mafilimu aafupi a nkhani za m'dziko omwe ankaonetsedwa m'mizinda ndi m'midzi. Nyumba ya bungweli inapsa mu 1991, ndipo kuchokera nthawi imeneyo opanga mafilimu ambiri anayamba kudziimira paokha. Azevedo ndi anzake anakhazikitsa kampani ya Ébano Multimédia ku Maputo.

Mafilimu ake ambiri ndi a zochitika zenizeni, ndipo amakonda kugwira ntchito ndi anthu wamba omwe amasewera mbiri ya moyo wawo. Ena mwa mafilimu ake odziwika ndi Desobediência, Hóspedes da Noite yonena za anthu okhala m'bwinja la Grande Hotel ku Beira, ndi Virgem Margarida ya mu 2012.

Momwe inapangidwira

Azevedo anamva za sitimayi nkhondo isanathe, ndipo cholinga chake choyamba chinali kujambula ulendo weniweniwo. Sizinatheke panthawiyo. Mtendere utabwera anayenda m'njanjiyo, kucheza ndi ogwira ntchito m'sitima ndi anthu omwe anapulumuka maulendowo. Popeza zomwe ankafuna kujambula zinali zitapita kale, anazilemba m'buku. Kuchokera pomwe bukulo linasindikizidwa kufika pomwe filimu inaonetsedwa koyamba panapita zaka 19.

Ku Mozambique filimu yaitali siipeza ndalama zokwanira m'dziko momwemo. Nyumba zoonetsera mafilimu n'zochepa ndipo zambiri zili ku Maputo, choncho ndalama za matikiti sizingabweze zomwe zalowa. Njira yomwe opanga mafilimu odziimira paokha amatsata ndi kusonkha kuchokera kumayiko angapo. Filimuyi inapangidwa ndi makampani a mayiko asanu: Ébano Multimédia ya ku Mozambique, Ukbar Filmes ya ku Portugal, Les Films de l'Étranger ya ku France, Urucu Media ya ku South Africa ndi Panda Filmes ya ku Brazil. Azevedo anasandutsa bukulo kukhala sewero mothandizana ndi Teresa Pereira, ndipo wojambula wamkulu anali Frédéric Serve.

Kusonkhaku kumaonekeranso mwa osewera. Matamba Joaquim, amene ndi Taiar, ndi wa ku Angola. Thiago Justino, amene ndi Salomão, ndi wa ku Brazil. Melanie de Vales Rafael, amene ndi Rosa, ndi wa ku Mozambique, chimodzimodzi António Nipita amene anasewera Sete Maneiras ndi Sabina Fonseca amene anasewera Mariamu.

Ngakhale nkhaniyo ndi ya kumpoto, filimu anaijambula kumwera kwa dziko pogwiritsa ntchito sitima yeniyeni ndi njanji za kampani ya CFM. Pafupifupi zonse zimachitikira m'mabogi, pamwamba pake ndi m'mbali mwa njanji. Kapangidwe kotere kamathandiza filimu ya ndalama zochepa, chifukwa sipafunika kumanga malo ambiri ojambulira, ndipo mdani wosaoneka safuna gulu lalikulu la osewera. Zomwezi ndi zomwe zimaipatsa filimuyi mphamvu: woonera amapanikizika pamodzi ndi apaulendo, osadziwa chomwe chili kuseri kwa mitengo. Vuto lake n'loti sitima si galimoto. Kubwereza kachigawo kamodzi kumafuna kubweza mabogi onse pomwe anayambira, pamodzi ndi khamu la anthu ndi katundu wawo.

Kulandiridwa kwake

Filimuyi inaonetsedwa koyamba mu August 2016 pa chionetsero cha mafilimu cha ku Locarno m'dziko la Switzerland, pa bwalo lalikulu la Piazza Grande. Chaka chomwecho inasankhidwa kukhala filimu yopambana pa Joburg Film Festival ku South Africa. Mu 2017 inalandira Tanit d'Or, mphoto yaikulu ya chionetsero cha Carthage ku Tunisia, chimodzi mwa zionetsero zakale kwambiri za mafilimu mu Africa. Inalinso filimu yoyamba yomwe Mozambique inatumiza kukapikisana nawo pa mphoto za Oscar ku America, ngakhale siinafike m'gulu la zisanu zomaliza.

Filimuyi ndi anthu a m'malire a Tete

Njanji ya m'filimuyi ili kutali ndi Chifunde, koma ulendo wotere akuluakulu a m'boma lino amaudziwa. M'chigawo cha Tete magalimoto ankayenda mondondozana, moperekezedwa ndi asilikali a ku Zimbabwe, pa msewu wochoka ku Cuchamano kudutsa mumzinda wa Tete mpaka ku Zóbuè. Mabanja ambiri a kumpoto kwa chigawochi anathawira ku Malawi, komwe othawa nkhondo anapitirira 1 miliyoni, ndipo ena anathawira ku Zambia, komwe msasa wa Ukwimi unatsegulidwa m'boma la Petauke mu 1987. Mchere, shuga, sopo ndi chimanga zinkaoloka malire pamutu ndi panjinga, monga momwe mbewu ndi katundu zikuolokera pa Cassacatiza masiku ano.

Azevedo anajambulaponso nkhani ya anthu a ku Tete. Filimu yake ya pakati pa zaka za m'ma 1990, A Árvore dos Antepassados, kutanthauza mtengo wa makolo, imatsatira banja lomwe likubwerera kumudzi kwawo m'chigawochi litakhala zaka zambiri ku Malawi, kuti likadzionetse kwa mizimu ya makolo pansi pa mtengo wawo.

Njanji ya Nacala inakonzedwanso, ndipo tsopano inalumikizidwa ndi migodi ya ku Moatize. Sitima za malasha zimachoka m'chigawo cha Tete, kudutsa m'Malawi, kutulukira pa Nayuchi ndi Entre Lagos, n'kudutsa ku Cuamba ndi ku Nampula mpaka kudoko la Nacala-a-Velha, mtunda wa makilomita oposa 900.