Nkhalango ya Luangwa ndi Alonda Ace

Munthu wocokera ku Cipata kunka ku Mfuwe amatsika mapiri kufikira alowa m'dziko lotentha limene timati ku Malambo. Kumeneko ndiko ku cigwa ca Luangwa. Mtsinje umenewu ucokera ku mapiri a Mafinga, kufupi ndi malire a Malawi, nuyenda makilomita 770 kukathira m'Zambezi pa Feira, pamene lero pachedwa Luangwa. Kumadzulo kwaima mapiri a Mucinga ngati linga. M'cigwamo mwadzala mitengo ya tsanya, koma pokwera mapiri mupeza miombo.

Kodi nkhalangoyi inatsala bwanji pamene zina zinatha? Mlonda wace woyamba sanali munthu iai, koma kashembe. Kumene kuli kashembe ng'ombe sizikhala, cotero anthu a ziweto sanakukhumbire. Akunda ndi Abisa analikulima minda yaing'ono m'mbali mwa mitsinje, nasaka nyama monga mwa mwambo wao.

M'caka ca 1938 boma linapatula malo atatu osungiramo nyama: Luangwa wa kumwera, Luangwa wa kumpoto, ndi Luambe. Eni dziko anadandaula, pakuti analetsedwa kusaka kumene makolo ao anasaka, cikhalireco njobvu zinalikudyabe mapira ao.

Tsono m'caka ca 1950 Norman Carr, wa nchito yoyang'anira nyama, anapangana ndi Mfumu Yaikuru Nsefu ya Akunda. Mfumuyo inapatula mbali ya dziko lace kum'mawa kwa mtsinje, kuti alendo adze kudzaona nyama osazipha, ndipo ndalama zimene alipira zilowe m'thumba la Akunda. Pamenepo anthu anaona kuti njobvu yamoyo irinso ndi phindu.

Mu 1972 boma la Zambia linasandutsa Luangwa wa kumwera, pamodzi ndi dera la Nsefu, kukhala National Park ya masikweya kilomita 9,050. Koma lamulo palokha silinakwanire. M'zaka za m'ma 1970 ndi 1980 opha nyama mobisa anatha njobvu zikwizikwi cifukwa ca minyanga, ndipo cipembere anatheratu. Mu 2003 kunayenera kukatenga ena ku South Africa ndi kuwaika ku Luangwa wa kumpoto. Mwini mudzi akapanda kuonapo phindu, mbala ingopita pakhomo pace iye ali cete.

Inu abale okhala m'matauni, musati nkhaniyi nja ku Malambo kokha. Nyama yofutsa imene igulitsidwa mobisa m'makomboni, ndi thumba la makala limene tigula pamseu osafunsa kumene lacokera, zonsezi zituruka m'nkhalango. Mfumu Nsefu inapereka dziko. Ife tingapereke ciani? Tiyambe ndi kufunsa tisanagule.