Mphunzitsi amene anayamba ndi phwete pa wailesi: mbiri ya Nat D. Williams

Ambiri tikamva za mzinda wa Memphis, m'boma la Tennessee kuno ku America, timakumbukira Elvis Presley kapena imfa ya Martin Luther King, amene anaomberedwa pa Lorraine Motel pa 4 April 1968. Inenso ndinkadziwa zomwezo basi, kufikira pamene ndinapeza ntchito yosamalira okalamba mumzindawu. Agogo ena amene ndinkawayang'anira sankalola kuti munthu asinthe wailesi yawo kuichotsa pa WDIA. Nditawafunsa chifukwa chake, anandiuza kuti ali mtsikana ankamva aphunzitsi awo m'kalasi m'mawa, madzulo n'kuwamvanso pa wailesi imeneyi akuika nyimbo. Aphunzitsiwo anali a Nat D. Williams, ndipo lero ndati ndikugawireniko mbiri yawo.

A Williams anabadwa mu 1907 mu Memphis momwemo. Mu 1930 anayamba kuphunzitsa mbiri yakale pa Booker T. Washington High School, sekondale ya ana akuda okhaokha, pakuti masiku amenewo malamulo a tsankho sankalola mwana wakuda kukhala kalasi imodzi ndi mwana wa mzungu. Anaphunzitsa pamenepo zaka 42. Belu loweruka likalira, iwo ntchito inali isanathe. Ankayang'anira nyuzipepala ya ana asukulu, ankakonzekeretsa gulu lochemerera matimu a sukuluyo, ankatsogolera ma Boy Scouts, ndipo Lamulungu ankaphunzitsa Sande sukulu. Kuyambira mu 1931 ankalembanso mu nyuzipepala ya anthu akuda ya Memphis World, pa tsamba lawo lotchedwa Down on Beale.

Beale ndi msewu umene unali mtima wa malonda ndi zisangalalo za anthu akuda. Mumsewu umenewu munali holo ya Palace Theater, momwe munkachitika mpikisano wa oimba ndi ovina ongoyamba kumene, ndipo woyendetsa mwambo anali mphunzitsi yemweyu. Oonerera a pa Beale analibe chisoni, ukaimba zosakoma ankakukuwiza mpaka utsike. A Williams ankadziwa kuziziritsa anthu ndi nthabwala ndi kulimbitsa mtima mwana amene miyendo ikunjenjemera. Mmodzi wa ana awo a m'kalasi, Rufus Thomas, anakulira m'manja mwawo pa nsanja imeneyi, kenaka anadzalowa m'malo mwawo, ndipo mu 1963 anatchuka dziko lonse ndi nyimbo ya Walking the Dog. Akuluakulu anati m'mera mpoyamba.

Tsono nkhani ya wailesi inabwera motere. Mu 1947 azungu awiri, John Pepper ndi Bert Ferguson, anatsegula WDIA. Ankaulutsa zomwe nyumba zina zonse zinkaulutsa, ndipo pasanathe nthawi bizinesi inayamba kulowa pansi. Apa m'pamene anazindikira kuti pafupifupi anthu anayi mwa khumi alionse mumzindawo anali akuda, koma panalibe wailesi yoyankhula nawo. Anapempha a Williams kuti ayese pulogalamu. Pa 25 October 1948, nthawi ya 4 koloko madzulo, ataweruka ku sukulu, anakhala kutsogolo kwa maikolofoni kuti ayambe Tan Town Jamboree. Atapatsidwa chizindikiro choti ayankhule, mawu onse anawathawa. Munthu wozolowera kalasi ndi holo yodzaza anapezeka ali m'kachipinda kopanda nkhope yoiyang'ana. Chimene anachita n'kungophulika phwete lalitali. Kuseka kumeneko kunasanduka chizindikiro chawo, ndipo ankayamba nako pulogalamu zaka zonse zotsatira.

Azungu ena anakwiya, anaimba mafoni odandaula ngakhalenso oopseza. Koma makalata oyamikira ochokera kwa anthu akuda anachuluka kotero kuti pofika kumapeto kwa 1949, mapulogalamu onse a WDIA anali okonzera anthu akuda. Inali wailesi yoyamba mu America kutero. Chaka chomwecho mnyamata wina wa gitala wochokera ku Mississippi, Riley King, anapatsidwa mphindi zochepa zoimba ndi kutsatsa mankhwala a Pepticon. Ankamutchula kuti Beale Street Blues Boy, dzina lomwe linafupikitsidwa n'kukhala B.B. King. Rufus Thomas nayenso anadzakhala muulutsi pamenepo. Mu 1954 mphamvu ya wailesiyi inakwezedwa kufika mawati 50,000, ndipo inayamba kumveka mpaka m'minda ya thonje ya ku Mississippi ndi ku Arkansas.

Tisanamizane, eni wailesi sanachite izi chifukwa cha chifundo. Ankafuna ndalama za otsatsa malonda. Zaka zoyambirira, maudindo a mu ofesi ngakhale makina oulutsira mawu anali m'manja mwa azungu, akuda ankangopatsidwa maikolofoni. Chimene chimandigwira mtima n'choti a Williams anadziwa chochita ndi mpata wochepawo. Mu 1949 anayamba kutsogolera pulogalamu ya Lamulungu ya Brown America Speaks, momwe anthu ankakambirana poyera mavuto a anthu akuda, nkhani zimene kale zinkangonong'onedwa m'tchalitchi ndi kometetsa tsitsi. Wailesiyi inkalengezanso za ana osowa, mwayi wa ntchito ndi misonkhano ya mipingo. Ife amene tinakula banja lonse likukhala chete kumvetsera mauthenga a maliro pa MBC tikudziwa kulemera kwake kwa zimenezi: dzina la munthu wamba likatchulidwa pa wailesi, munthuyo amadziwa kuti akuwerengedwa. Chaka chilichonse WDIA inkakonza chionetsero cha Goodwill Revue, ndipo ndalama zake zinkayendetsa mabasi otengera ana akuda olumala ku sukulu ndi kuthandiza matimu a anyamata a masewero a baseball.

Ngakhale anatchuka chotere, a Williams sanasiye choko. Ankayamba tsiku ndi pulogalamu ya m'mamawa, n'kupita kukaphunzitsa, madzulo n'kubwereranso ku situdiyo. Anachita zimenezi mpaka mu 1972 pamene anadwala sitiroko. Anamwalira pa 27 October 1983, ali ndi zaka 76. Mu 2012 dzina lawo linali m'gulu loyamba la olemekezedwa mu Memphis Music Hall of Fame, limodzi ndi B.B. King, Rufus Thomas ndi Elvis Presley, chonsecho iwo sanali katswiri woimba.

Agogo aja anatisiya zaka zingapo zapitazo. Pa zonse zimene anandifotokozera, panalibe tsiku limene anatchula nyimbo yomwe a Williams anaika. Ankangokamba za bambo wa magalasi ochindikala amene ankadziwa dzina la mwana aliyense, ndi mmene mayi awo, wantchito wa m'nyumba ya azungu, ankatsitsira mawu a wailesi kukhitchini kuti amve mphunzitsi wa mwana wawo bwana asakudziwa. Ndikaona anzathu ena amene amaweruka ku ntchito atatopa, Loweruka n'kudzukabe kukaphunzitsa ana mpira kapena kukaika nyimbo pa chinkhoswe osalipidwa kanthu, ndimakumbukira a Nat D. Williams. Anthu otere tiziwathokoza akadali moyo.