Mayina a kumapeto kwa filimu: mbiri ya osewera othandizira

Pa Lizulu, pamene msewu wa M1 umalekanitsa Malawi ndi Mozambique, kuseri kwa milu ya kabichi ndi kachewere kuli tizinyumba toonetsera mafilimu, monganso pa Kampepuza ndi pa boma la Ntcheu. Pakhomo amatchingapo chinsalu, mkati muli mabenchi a matabwa, ndipo sipika amaiika panja dala kuti mfuti zikamalira ana a pamsika ayambe kusakasaka ndalama yolowera. Filimu ikangotha, mayina asanayambe n'kukwera komwe, mnyamata woonetsa amakhala atazimitsa kale poti ena akudikira panja. Oonera amatuluka akudziwa munthu mmodzi yekha, mwini filimu uja amene zipolopolo sizimulasa. Mnzake amene anamubisa, mlonda amene anamutsekulira geti, mayi amene analira maliro, onsewo amapita opanda dzina.

Komatu zisudzo za m'dziko muno zasenzedwa kwambiri ndi anthu a mtundu umenewu.

Ulamuliro wonse wa Dr Kamuzu Banda unatha Malawi alibe wailesi yakanema. Kumudzi anthu ankaona kanema pokhapokha galimoto ya a zofalitsa nkhani ikabwera kudzamanga chinsalu pabwalo la sukulu. Wosewera ankadziwika ndi mawu, kudzera pa MBC: Kapalepale wa Smart Likhaya Mbewe, Pamajiga, Sewero la Sabata Ino. Pawailesi wothandizira analibe pobisala. Nkhope sioneka, choncho mpongozi, nyakwawa kapena chidakwa cha m'seweromo chinkayenera kumveka ndi kakhosomoledwe kokha. Ambiri anaphunzira ntchito pamenepo, ena m'mipikisano ya ATEM ya m'sukulu za sekondale, ena m'magulu a kutchalitchi. Sukulu yeniyeni ya zisudzo inali ku Chancellor College ku Zomba, koma ofikako anali ochepa.

Kenaka kunabwera magulu oyenda m'maholo a m'maboma: Kwathu Drama Group, yosewera m'Chichewa, ndi Wakhumbata Ensemble Theatre ya Du Chisiza Jr, yomwe inayamba mu 1987. Mu Kwathu ndimo munali John Nyanga ndi Eric Mabedi, amene dziko limawadziwa ngati Izeki ndi Jakobo. Kwa ine Jakobo ndiye anali wothandizira. Ena anganditsutse kuti Jakobo sanali wothandizira, anali mwini sewero mofanana ndi mnzakeyo. Pa chikwangwani zinalidi choncho. Koma onaninso matepi awo. Nthawi zambiri wofunsa funso ndi Jakobo, wodabwa ndi Jakobo, woyesa kulongosola zinthu mwaulemu kuti Izeki azigwetse ndi liwu limodzi ndi Jakobo yemweyo. Chovuta pa ntchitoyi ndi kudikira. Ukafulumira kuyankha anthu akali kuseka, nthabwala yotsatira imamira m'phokoso. Ukachedwa, holo imazizira. Mabedi ankadziwa kuima nji, nkhope ili gwa, mpaka chiseko chitatsika pamlingo woyenera. Zili ngati ngoma ya kwa Gomani: maso onse amakhala pa amuna a zishango amene akuponda pansi, koma amayi oomba m'manja atangoleka, mapazi aja angasokonekere pompo.

Nyanga anamwalira mu 2016. Mabedi anapitiriza kutsogolera Kwathu mpaka imfa yake mu Ogasiti 2021, koma mtundu uja wa nthabwala za anthu awiri unali utapita ndi mnzakeyo.

Television Malawi inatsegulidwa mu Epulo 1999, ndipo mawu aja anayamba kukhala ndi nkhope. Sewero limene linakhazikika kwambiri ndi Tikuferanji, lokonzedwa ndi bungwe la ADRA pofuna kuphunzitsa anthu za Edzi ndi mavuto ena a m'banja. Mwini sewero anali Manganya, amene ndi Michael Usi. Koma funsani aliyense amene ankalionera ngati Manganya akanapita patali popanda Make Sikono, gawo la Ruth Simika, kapena Nginde, gawo la Frank Yalu. Apa pali chinthu chowawa pang'ono: dzina la m'sewero limameza dzina la munthu. Pamsika anthu amakuwa dzina la gawo lako, amakugwira chanza, ena amakudzudzula chifukwa cha zimene unachita pakanema dzulo, koma dzina limene makolo anakupatsa salidziwa.

Anthu a ku Ntcheu ali ndi chifukwa china chokumbukira Usi. Mu 2019 iye anavomera kukhala wachiwiri kwa Saulos Chilima, mwana wa kwa Nsipe, pa chisankho cha pulezidenti. Chilima atamwalira pa ngozi ya ndege pa 10 Juni 2024, Usi ndiye analumbiritsidwa kukhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko mwezi womwewo. Munthu amene pakanema sankapatsa mnzake mpata, m'ndale anatchukira pa gawo lachiwiri. Koma imeneyo ndi nkhani ina.

Tsiku lalikulu la wothandizira wa ku Malawi linali pa 10 Epulo 2010, kutali ndi kwathu, mumzinda wa Yenagoa m'chigawo cha Bayelsa ku Nigeria. Kumeneko kunali mwambo wachisanu ndi chimodzi wa Africa Movie Academy Awards, mphoto zimene Peace Anyiam-Osigwe anayambitsa mu 2005. Malawi inapita ndi Seasons of a Life, filimu yoyamba ya Shemu Joyah, munthu amene ntchito yake yophunzira ndi yoyeza malo. Nkhani yake ndi ya Sungisa, mtsikana wantchito amene bwana wake Kondani anamupatsa mimba. Mwanayo akulera a Kondani ndi mkazi wawo, ndipo patapita zaka Sungisa, ataphunzira, akubwera kudzamufuna kudzera kukhoti. Flora Suya, amene anasewera Sungisa, anali pa mndandanda wa opikisana pa mphoto ya wosewera wamkazi wamkulu. Sanaipate. Mphoto inabwera kumudzi ndi Tapiwa Gwaza, amene anasewera Tabitha, ndipo inali ya wosewera wamkazi wothandizira.

Tiganizire bwino pamenepa. Nigeria ndi Ghana zinkatulutsa mafilimu ochuluka zedi chaka chilichonse, omwe ankadzaza mashelefu a ogulitsa ma CD kuno kwathu. Malawi inalibe msika wa mafilimu akeake woti n'kuutchula. Gwaza sanapatsidwe nthawi yaitali pakanema yoti oweruza amuzolowere pang'onopang'ono, monga amachitira mwini filimu. Wothandizira amalowa nkhani ili kale pakati, ndipo ayenera kuoneka ngati munthu amene anali ndi moyo wake asanatsegule chitseko. Kwa ine umenewu ndi mayeso ovuta kuposa kulira pamaso pa kamera kwa maola awiri.

Kwina mphoto yotere imatsegula zitseko, mafoni n'kuyamba kulira. Kuno zitseko zake zinali zochepa. Joyah mwiniwake anatulutsa The Last Fishing Boat mu 2012, kenaka The Road to Sunrise mu 2017, yomwe inapambana pa Africa Magic Viewers' Choice Awards mu 2018. Joyce Mhango Chavula anali atapata kale mphoto ya mtundu womwewo mu 2016 ndi filimu yake Lilongwe. Onsewa ndi mafilimu olemekezeka, koma onani mipata ya zaka pakati pake. Munthu sangadye gawo limodzi zaka zisanu. N'chifukwa chake wothandizira wa ku Malawi amakhala mphunzitsi, kalaliki, muulutsi kapena wabizinesi, kusewera n'kukhala kwa Loweruka, kapena pamene bungwe lina lapeza thandizo loti lifalitse uthenga wa katemera. Amalandira kamodzi, ngati walandira. Filimuyo ikafika kwa anyamata otsitsira anthu nyimbo ndi mafilimu m'mamemori khadi, ndalama imene wogula amapereka imathera pa tebulo lomwelo.

Mu 2019 Netflix inaonetsa The Boy Who Harnessed the Wind, nkhani ya William Kamkwamba yojambulidwa ku Kasungu. Nkhani inali yathu, malo athu, chilankhulo chathu, koma magawo akuluakulu anapita kwa alendo: Chiwetel Ejiofor wa ku Britain, amenenso anaitsogolera, anasewera bambo, Maxwell Simba wa ku Kenya anasewera William, Aïssa Maïga anasewera mayi. Amalawi ambiri anadandaula ndi Chichewa chopotoka chimene anamva. Eni nthaka anapatsidwa magawo othandizira: Philbert Falakeza anali Gilbert, mnzake wa William, ndipo Lily Banda anali Annie, mlongo wake. Khutu la Mmalawi limamva lokha pamene Annie wayamba kulankhula kuti tsopano m'nyumba muja mwalowa munthu wakwathu. Chaka chomwecho Lily Banda anaonekanso m'gawo lachiwiri la Deep State, sewero la pakanema la ku Britain, akusewera mkazi wotchedwa Aïcha Konaté.